Kuchita apilo pa chigamulo cha mlandu wa banja

Amayi, mwati majisitireti wathetsa banja lanu, ana wapereka kwa bambo wawo, nyumba nayo wati ndi ya bamboyo chifukwa mapepala ali m'dzina lawo, ndipo mukufunsa ngati mungakatsutse ku High Court. Mungathe, koma dziwani kuti kumeneko sakamva zoti chigamulo chakuwawani. Jaji amawerenga zimene majisitireti analemba pa nthawi ya mlandu, n'kumafufuza pamene lamulo linaphonyedwa. Ndiye kapezeni polakwikapo.

Pa nyumba ndi pamene ndikuona kuti muli ndi mwayi. Ndime 24 ya malamulo aakulu a dziko lino imati banja likatha mkazi ayenera kulandira gawo lachilungamo la katundu amene anali wa onse awiri. Lamulo la za maukwati la 2015 limauza bwalo kuti pogawa liwerengenso ntchito zapakhomo, osati ndalama zokha. Ngati munkaumba njerwa, kuphikira amisiri, kulera ana pamene bambo ali kuntchito, koma majisitireti wangoyang'ana dzina la papepala basi, chimenecho ndi chifukwa chomveka cha apilo. Funsaninso loya ngati bwalolo linali ndi mphamvu zogamula za nyumbayo. Mabwalo a majisitireti ali ndi malire, makamaka pa umwini wa malo, ndipo chigamulo chopitirira malirewo High Court imachifafaniza.

Za ana n'zovutirapo. Lamulo silinena kuti ana ndi a mayi kapena a bambo. Ndime 23 ya malamulo aakulu aja imati chotsogola ndi ubwino wa mwana. Kukanena kuti "kwathu ana ndi akuchikazi" sikukwanira. Onetsani kuti bwalo silinafunse kumene anawo akagone, sukulu yawo, amene wakhala akuwasamalira, kapena kuti lapereka ana kwa bambo chifukwa cha ndalama zokha.

Simunanene ngati munapatsidwa mpata wolankhula. Ngati samani, kalata yokuitanani kubwalo, sinakufikeni, kapena mboni zanu anazikana popanda chifukwa, lembaninso chimenecho.

Koma fulumirani. Chikalata cha apilo chimaperekedwa pasanathe masiku 14 chigamulo chitaperekedwa. Mukachedwa muyamba mwapempha chilolezo n'kufotokoza chimene chinakuchedwetsani. Pitani kwa kalaliki wa bwalo la majisitireti lomwelo mukapemphe chigamulo cholembedwa. Chinanso chimene ambiri amagwa nacho: apilo payokha siimitsa chigamulo. Pemphani padera kuti chiyambe chaima, apo ayi nyumbayo ikhoza kugulitsidwa mlandu usanamvedwe.

Nkhani ngati zimenezi zimapita ku nthambi ya High Court yoona za mabanja ndi chuma chamasiye. Ngati ndalama za loya palibe, pitani ku Legal Aid Bureau, ali ndi maofesi ku Blantyre, Lilongwe, Zomba ndi Mzuzu. Mutenge chigamulocho ndi malisiti onse a simenti kapena malata amene munasunga.