Mukufuna nkhani za mafumu olimbirana mpando? Yambani ndi Druon

Sabata yatha ndinalandira imelo kuchokera kwa mayi wina amene amakonda kuwerenga. Akuti atha kuonera sewero la pa kanema la mafumu opeka olimbirana mpando, koma ludzu silinawathe. Anafunsa chonchi: "Ndi mabuku ati akale a nthano onena za mafumu enieni a ku Ulaya a m'zaka za m'ma 1100 mpaka 1400 amene ndingayambe nawo? Nanga zolembedwamo ndingazitenge ngati mbiri yeniyeni?"

Amayi, sindizungulira. Yambani ndi Maurice Druon wa ku France. Mabuku ake asanu ndi awiri otchedwa Les Rois maudits, kutanthauza mafumu otembereredwa, amapezekanso m'Chingelezi pa mutu wakuti The Accursed Kings. Loyamba linatuluka mu 1955, pofika 1960 analipo asanu ndi limodzi, ndipo lomaliza linabwera mochedwa mu 1977. Druon sanali munthu wongomvera za ulamuliro kwa anzake. Pa nkhondo yachiwiri ya dziko lonse anali mbali ya okana ulamuliro wa Germany, ndipo mu 1973 anakhalapo nduna ya zachikhalidwe. Mukamawerenga mumamva kuti wolembayu anakhalapo m'zipinda mmene akuluakulu amasekererana mano koma mitima ili kwina.

Nkhani yake imayambira pa mfumu ya ku France, Philip IV. Mu Okutobala 1307 mfumuyi inamanga asilikali achipembedzo a gulu la Templar, gulu limene linali ndi chuma chambiri, ndipo mu Malichi 1314 mtsogoleri wawo Jacques de Molay anatenthedwa wamoyo ku Paris. M'bukumo, nkhalambayo ili pamoto imatemberera papa Clement V, nduna ya mfumu Guillaume de Nogaret, mfumuyo ndi mbeu yake mpaka m'badwo wa 13. Papa anamwaliradi mu Epulo chaka chomwecho, mfumu mu Novembala. Kenako ana ake aamuna atatu anakhala pampando motsatana n'kumwalira akadali ndi mphamvu zawo: Louis X mu 1316, Philip V mu 1322, Charles IV mu 1328. Palibe anasiya mwana wamwamuna wodzalowa m'malo, kupatula khanda la Louis, lotchedwa John, limene linakhala ndi moyo masiku asanu okha. Banja limene kuyambira 987 linkangopatsirana ufumu kuchoka kwa bambo kupita kwa mwana linapezeka lilibe woloza.

Apa ndi pamene ndikufuna muchedwepo, chifukwa ife tili ndi khutu lomvera mlandu umenewu limene owerenga ambiri a ku Ulaya alibe. Charles IV anali ndi mlongo wake, Isabella, amene anakwatiwa ndi mfumu ya ku England, Edward II. Mwana wa Isabella anali Edward III. Mufunse gogo aliyense wa Chichewa kuti mfumu ikamwalira wolowa ufumu amachokera kuti, akuuzani kuti amachokera kumbumba, kwa mwana wa mlongo wake. Mwa kaganizidwe kathu, Edward anali kufuna mpando wa malume ake, ndipo palibe chachilendo. Akuluakulu a ku France anakana. Mu 1317 anali atagamula kale kuti mkazi sangalowe ufumu, pamene ankamuchotsa pamzere Jeanne, mwana wamkazi wa Louis X. Chimene chinafooketsa mtsikanayu n'chakuti mayi ake, Marguerite wa ku Burgundy, anaweruzidwa pa mlandu wa chigololo mu 1314, choncho anthu ankanong'onezana kuti bambo ake enieni ndani. Makolo athu, potsata magazi a mayi, funso lotere analitsekera khomo kalekale. Mu 1328 a ku France anawonjezera kuti mkazi sangapatsirenso mwana wake ufumu umene iye mwini sangaulowe, ndipo analonga Philip wa ku Valois, mwana wa mng'ono wake wa Philip IV. Mu 1337 nkhondo inabuka, ija imatchedwa ya zaka 100, ngakhale inafika mpaka 1453.

Chimene ndimamukondera Druon n'chakuti anaona kuti zonsezi ndi mlandu wa m'banja umene wakula mpaka kumeza maiko. Mtima wa mabuku ake si mafumuwo ayi, koma Robert wa ku Artois ndi azakhali ake a Mahaut. Bambo a Robert anamwalira mu 1298 agogo ake akadali moyo, ndiye agogowo atafa pankhondo mu 1302, dera la Artois linapita kwa azakhaliwo. Robert anakula ndi mkwiyo wa mwana wamasiye amene walandidwa munda. Anasuma kangapo n'kugonja, pomaliza anagwiritsa ntchito zikalata zachinyengo, anathamangitsidwa m'dziko, n'kukabisala ku England kumene anakasonkhezera moto mwa Edward III. Amene munakhalapo pabwalo la amfumu kumvera mlandu wa malo a womwalira, anthu awiriwa muwazindikira msanga, ndipo mudzavutika kusankha mbali.

Tsono funso lanu lachiwiri. Mafupa a nkhaniyi ndi oona: mayina, zaka, maukwati, imfa. Mnofu ndi wa wolemba. Nogaret uja amene buku limamupha ndi chiphe temberero litaperekedwa, anali atamwalira kale mu 1313, Molay asanatenthedwe. Mawu a tembererolo ndi nthano imene inakula pambuyo pake. Marguerite anaferadi m'ndende ya Château Gaillard mu 1315, koma mmene Druon amafotokozera imfa yake, ndi ziphe zimene amaika m'manja mwa Mahaut, wazitola ku mphekesera za nthawiyo n'kuzisandutsa zochitika. Ine sindimudandaula nazo, chifukwa ntchito yake ndi kutilowetsa m'mitima ya anthu amene zikalata zinangosunga mayina awo. Koma musakatsutsane ndi mphunzitsi wa mbiri mutanyamula buku lake.

Ambiri akuuzani kuti muyambe ndi Walter Scott wa ku Scotland, popeza ndiye anatsegula njira ya mabuku otere. Ivanhoe, la mu 1819, limakamba za chaka cha 1194, pamene mfumu Richard ya ku England inkabwerera kuchokera ku ukaidi mng'ono wake John akusirira mpando. Muliwerenge, koma pambuyo. Masamba oyambirira amayenda pang'onopang'ono, ndipo udani wa a Saxon, eni dziko la England, ndi a Norman, amene anawagonjetsa kuchokera ku France, umene Scott anamangirapo nkhani yake akatswiri a mbiri amati anaukuza kwambiri poyerekeza ndi mmene zinthu zinalili m'chaka chimenecho. Chimene chimatsala mumtima ndi Rebecca, mtsikana wachiyuda amene ali ndi ulemu woposa wa ankhondo onse omuzungulira.

Limene sindingalole kuti mulidumphe ndi Kristin Lavransdatter la Sigrid Undset wa ku Norway, lotuluka m'magawo atatu kuyambira 1920 mpaka 1922. Undset analandira mphoto ya Nobel mu 1928. Bambo ake anali katswiri wofukula zinthu zakale, ndipo mwanayu anakula akudziwa mmene anthu a m'zaka za m'ma 1300 ankadyera, kupemphera ndi kuweruzira milandu. Kuno kulimbirana ufumu mumakuonera kukhitchini. Mwamuna wa Kristin, Erlend, amalowa m'chiwembu chofuna kuchotsa mfumu Magnus ya ku Norway, amagwidwa, ndipo munda waukulu wa Husaby umene mkaziyo anauwongola ndi thukuta lake umalandidwa. Mayi wa ana aamuna ambiri amatsala akudzifunsa kuti anawo adzadya chiyani. Ndinaliwerenga ndikuganiza za amayi onse amene amalipira ngongole ya zofuna za amuna awo. Mukalifuna m'Chingelezi, sakani lomasuliridwa ndi Tiina Nunnally, chifukwa lomasuliridwa kale linadzazidwa ndi mawu achikalekale amene amatopetsa.

Mukapeza buku loyamba la Druon, lotchedwa The Iron King m'Chingelezi, khalani ndi pepala pambali. Lembani Philip IV pamwamba, ana ake anayi pansi pake, akazi a ana aamunawo pambali, ndipo muike chizindikiro pa Jeanne mkazi wa Philip V ndi Blanche mkazi wa Charles IV, popeza awiriwa ndi ana a Mahaut. M'banja limeneli a Philip ndi a Jeanne ndi ambiri, ndipo pofika buku lachitatu pepalalo mudzalifuna.