Flucytosine ndi mankhwala anji, ndipo n'chifukwa chiyani sayenera kusiyidwa

Achemwali amene mwafunsa pagulu lino za mankhwala a alongo anu, pepani ndi matenda. Choyamba, chithunzi cha kapaketi chimene mwaikachi chikuonetsa dzina la wodwala. Chichotseni, muike china mutaphimba pamenepo, gulu lino lili ndi maso ambiri.

Mwati alongo anu anagonekedwa chifukwa cha mutu waukulu ndi kuuma khosi, ndipo potuluka awapatsa flucytosine pamodzi ndi fluconazole. Mapiritsi achuluka, maina akufanana, ndiye mukufunsa ngati angasiye mtundu umodzi. M'ndemangamu wina wati ndi a chimfine, wina wati ndi a khansa. Asasiye mtundu uliwonse, ngakhale tsiku limodzi. Awa ndi mankhwala awiri osiyana, ndipo amaperekedwa limodzi mwadala.

Tiyambe ndi dzinalo. "Flu" wa kumayambiriroyu sakukhudzana ndi chimfine, akuchokera ku fluorine, kemikolo ina imene ili m'mankhwalawa. Cytosine ndi chimodzi mwa zinthu zinayi zimene chamoyo chilichonse chimamangira DNA yake, malangizo a chibadwa amene ali m'maselo ake. Choncho flucytosine ndi cytosine amene anamumata fluorine pa malo achisanu, n'chifukwa chake m'kabuku ka kuchipatala madokotala amangolemba 5FC kapena 5-FC. Pa botolo lina mupeza Ancotil kapena Ancobon, mankhwala ake ndi omwewo. Maina oyamba ndi "flu" alipo angapo ndipo amasokoneza ngakhale anthu ophunzira: flucloxacillin ndi wa mabakiteriya a pakhungu ndi zithupsa, fluoxetine ndi wa matenda a nkhawa ndi kukhumudwa, fluorouracil ndi wa khansa. Wina akakupatsani amodzi mwa amenewa n'kunena kuti ndi chimodzimodzi, kanani.

Amene wanena za khansa uja sanaphonye kwenikweni, koma wangomva mbali imodzi. Kampani ya Roche inapanga flucytosine mu 1957 ikufunafuna mankhwala a khansa, ndipo pa khansa sanathandize. Patapita zaka zingapo anaona kuti amapha tizilombo ta m'gulu la yisiti, ndipo pofika 1968 anali atayamba kuperekedwa kwa odwala. Kagwiridwe kake ka ntchito n'kofanana ndi nyambo ya makoswe. Kachilombo kamamumeza poyesa kuti ndi cytosine weniweni woti kamangire thupi lake. M'kati mwa kachilomboko muli enzayimu (puloteni yosandutsa chinthu china kukhala china) yotchedwa cytosine deaminase, imene imamusandutsa fluorouracil, mankhwala a khansa aja, ndipo kachilomboko kamalephera kupanga DNA ndi mapuloteni ake. Maselo a munthu alibe enzayimu imeneyi, ndiye poizoniyo amaphikidwira m'mimba mwa kachilombo momwemo. Kupatsidwa flucytosine sikutanthauza kuti munthu ali ndi khansa.

Kuno kwathu flucytosine amaperekedwa makamaka pa nthenda imodzi, cryptococcal meningitis, imene m'mawodi amangoti "crypto". Ndi mtundu wa matenda oumitsa khosi woyambitsidwa ndi yisiti wotchedwa Cryptococcus, amene amapezeka m'dothi, m'mitengo yowola ndi m'zitosi za nkhunda. Timamupuma tonse ndi fumbi, koma amadwalitsa munthu amene chitetezo cha m'thupi chatsika kwambiri, kawirikawiri amene ali ndi HIV ndipo CD4 yake yafika pansi pa 100, ngakhale kuti zimachitikanso kwa ena amene chitetezo chawo chagwa pa zifukwa zina. Za alongo anu adziwa ndi iwo eni ndi dokotala wawo, sizofunika kuzikamba pagulu pano. Nthendayi siyopatsirana, mutha kudyera nawo mbale imodzi ndi kuwasambitsa popanda mantha.

Nanga bwanji mitundu iwiri? Flucytosine akakhala yekha, kachilomboka kamamuzolowera msanga kwambiri, ndipo amasanduka wopanda ntchito. Fluconazole akakhala yekha amachedwa, amangoletsa tizilombo kuswana m'malo motipha mwachangu, ndipo zaka zimene zipatala zathu zinkadalira iye yekha odwala ambiri ankamwalira. Akaphatikizana, wina amafooketsa khungu la kachilombo, wina amaononga za m'kati. Ubwino wina wa flucytosine ndi wakuti amalowa bwino m'madzi ozungulira ubongo, kumene nkhondo yeniyeni ili, pomwe mankhwala ambiri amalephera kufikako.

Umboni wa zimenezi unapezeka kwathu konkuno. Kafukufuku wa ACTA, amene zotsatira zake zinatuluka mu 2018, anachitika m'zipatala za ku Malawi, Zambia, Tanzania ndi Cameroon. Mwa odwala amene analandira diripi ya amphotericin B (mankhwala ena opha tizilomboti) pamodzi ndi flucytosine, 31 pa 100 alionse anamwalira m'masabata 10, pomwe mwa amene analandira diripi yomweyo ndi fluconazole anamwalira 45 pa 100. Kenako kunabwera kafukufuku wina wa AMBITION mu 2022, wochitikira ku Blantyre, Lilongwe, Harare, Gaborone, Cape Town ndi ku Uganda, amene anaonetsa kuti diripi imodzi yokha yamphamvu ya liposomal amphotericin B, yotsatana ndi masiku 14 a flucytosine ndi fluconazole, imagwira ntchito mofanana ndi madiripi a sabata yathunthu, ndipo siononga impso ndi magazi kwambiri. Bungwe la WHO linaika njira imeneyi patsogolo chaka chomwecho, ndipo malinga ndi zimene mwafotokoza, ndi imene alongo anu ali nayo. Koma tinene zoona, ngakhale m'kafukufuku ameneyu, pomwe odwala ankayang'aniridwa usana ndi usiku, pafupifupi munthu mmodzi mwa anayi anamwalira. Si nthenda yochita nayo masewera ochotsera mapiritsi.

Tsopano kamwedwe. Muyezo wake ndi 25 mg pa kilogalamu iliyonse ya thupi, kanayi pa tsiku, maola 6 alionse. Piritsi limodzi nthawi zambiri limakhala la 500 mg. Munthu wolemera makilogalamu 40 amamwa awiri nthawi iliyonse, 8 pa tsiku. Wa makilogalamu 60 amamwa atatu nthawi iliyonse, 12 pa tsiku, ndipo masiku 14 onse amakwana 168. Onjezani fluconazole wa 1,200 mg pa tsiku, amene ndi makapisozi 6 a 200 mg, muona kuti munthu wa makilogalamu 60 akumeza 18 pa tsiku osawerengera ena. Choncho kuchulukako si kulakwitsa kwa a kufamase ayi. Masamu awa ndapereka kuti mumvetse chabe; tsatirani nambala imene yalembedwa pa paketi, chifukwa dokotala anawakweza pa sikelo ndiponso anaona mmene impso zawo zilili.

Kanayi pa tsiku sikutanthauza m'mawa, masana, madzulo ndi pogona mmene ambiri timachitira. Flucytosine sakhalitsa m'magazi, pakangotha maola atatu mpaka 6 theka lake limakhala litatuluka ndi mkodzo. Mukawapatsa 8 koloko usiku n'kudzawapatsanso 7 koloko m'mawa, tizilombo tapuma usiku wonse. Sankhani nthawi zinayi zotalikirana mofanana, monga 6 koloko m'mawa, 12 koloko masana, 6 koloko madzulo ndi 12 koloko usiku, muike alamu pa foni, ndipo wa pakati pa usikuyo muwadzutse ndithu. Jambulani mabokosi papepala, anayi pa tsiku, muzichonga akameza inu mukuona. Nthendayi imasokoneza mutu, wodwala atha kukuuzani ndi mtima wonse kuti wamwa asanamwe. Masiku 14 amawerengedwa kuyambira tsiku limene anayamba kumwa ali m'chipatala, osati tsiku lotuluka, choncho onani m'kabuku kapena funsani anamwino tsiku lenileni lomalizira.

Akamachita mseru, asameze onse nthawi imodzi. Amwe limodzilimodzi pa mphindi 15, ndi phala pang'ono kapena tiyi. Mukaiwala nthawi ina, apatseni mukangokumbukira, koma ngati nthawi yotsatira yayandikira ingopitirizani, osaphatikiza miyezo iwiri. Akamasanza nthawi iliyonse akamwa, musadikire tsiku la sikelo, bwererani kuchipatala tsiku lomwelo, chifukwa piritsi losanzidwa silinagwire ntchito, komanso kusanzako kutha kukhala chizindikiro cha vuto lina limene ndifotokoze pansipa.

Choopsa chachikulu cha flucytosine chimadzera ku impso. Pafupifupi 90 pa 100 ya mankhwalawa imatuluka ndi mkodzo osasinthika, ndiye impso zikafooka amaunjikana m'magazi. Akaunjikana amapondereza m'kati mwa mafupa momwe magazi amapangidwa: asilikali a m'thupi amachepa, timaselo toundanitsa magazi timachepa, magazi enieniwo amatsika. Diripi ya amphotericin imene analandira ija nayo imatopetsa impso, n'chifukwa chake madokotala amayeza creatinine (imene imaonetsa mmene impso zikugwirira ntchito) ndi kuchuluka kwa magazi mobwerezabwereza m'masabata awiriwa. Impso zikaonetsa kufooka, satsitsa mwachisawawa, amatalikitsa nthawi kukhala maola 12 kapena 24 alionse. Zimenezi ndi za dokotala ali ndi zotsatira za magazi m'manja, si za pakhomo.

Mbali yanu ndi iyi: amwe madzi okwanira, ndipo musawapatse Brufen, diclofenac kapena Indocid chifukwa cha mutu, amenewa amapweteka impso. Panado ndi amene ali bwino. Mankhwala azitsamba aimitseni kaye, impso ndi chiwindi zili kale pa ntchito yaikulu. Thamangirani kuchipatala mukaona kutentha thupi kwatsopano, zilonda m'kamwa kapena pakhosi, kamfuno, magazi m'nkhama, timadontho tofiira kapena mikwingwirima pakhungu popanda kumenyeka, m'maso ndi m'zikhatho moyera, maso achikasu, mkodzo wochepa kwambiri, kapena kutsegula m'mimba kosalekeza.

Pali china chimene mapiritsi onsewa sangathetse, ndipo ndi chimene chimatenga anthu ambiri atatuluka kale m'chipatala. Tizilomboti timatseka njira imene madzi ozungulira ubongo amatulukira, madziwo amadzadza n'kumapanikiza ubongo. Zizindikiro zake ndi mutu kubwereranso mwamphamvu, kusanza, kuona zinthu ziwiriziwiri kapena mwachimbuuzi, kusamva bwino, kusinza kwambiri, kubwebweta, kukomoka. Mankhwala ake ndi kupopa madzi a pamsana, nthawi zina tsiku ndi tsiku mpaka mutu utaleka. Ndikudziwa zimene zimanenedwa m'makonde a zipatala, zoti munthu akangomupopa pamsana ndiye kuti wapita. Chimachitika n'chakuti abale amakana mpaka wodwala atafika pothera, n'kudzavomera mochedwa, ndipo akamwalira mlandu umagwera singano. Pa nthenda iyi kupopako kumapulumutsa moyo ndi maso, ndipo odwala ambiri amanena okha kuti mutu wapepuka akangomaliza. Dokotala akapempha, vomerani msanga, ndipo akuluakulu a pabanja muwafotokozere lero lomwe zisanafike pamenepo. Musawagulirenso prednisolone kapena dexamethasone poganiza kuti achepetsa kutupa, pa crypto amaonjezera mavuto.

Masiku 14 akatha flucytosine amasiyidwa, koma fluconazole amapitirira: 800 mg pa tsiku kwa masabata 8, kenako 200 mg pa tsiku kwa chaka chimodzi kapena kuposerapo, mpaka dokotala ataona kuti chitetezo chakwera. Apa ndi pamene ambiri amagwera, chifukwa munthu wayamba kuyenda ndi kudya bwino, n'kuona ngati wachira. Tizilombo totsalira timadzukanso.

Kwa amene nthendayi yawapeza ali ndi HIV ndipo sanayambe ma ARV, madokotala amadikira masabata 4 mpaka 6 asanawayambitse. Si kunyalanyaza. Chitetezo chikadzuka mwadzidzidzi ubongo udakali ndi tizilombo tambiri, kutupa kwake kumatha kupha. Amene anali kale pa ma ARV asasiye kapena kusintha okha, afunse ku kiliniki. Amene akumwanso mankhwala a TB anene, chifukwa rifampicin, amodzi mwa mankhwalawo, amachepetsa mphamvu ya fluconazole ndipo muyezo umafunika kuuonanso. Kwa amayi amene akuwerenga: flucytosine ndi fluconazole wa muyezo waukulu chonchi atha kuvulaza mwana wosabadwa, choncho woyembekezera kapena woyamwitsa auze dokotala asanamwe, ndipo onse, amuna ndi akazi omwe, agwiritse ntchito njira yolera pa nthawi ya mankhwalawa.

Usiku uno werengani mapiritsi otsala, mugawe ndi nambala imene amamwa pa tsiku, muone ngati akufika tsiku la 14. Flucytosine sapezeka wamba m'mafamase a m'tauni kapena m'zipatala zing'onozing'ono, ndiye akakhala kuti sakukwana, pitani mawa ku chipatala chimene anagonekedwa, mutatenga kabuku ndi mapaketi onse, asanathe.