Voice ya pagulu la banja: za mitu yoimika pamitengo mu The Forest

Eee moni nonse pagulu pano, amayi, azakhali, a malume ngati bandulo ilipo. Ndikuyankha funso la mphwanga lija, lakuti mu gemu ya The Forest muja ukaimika mitu ndi manja pamitengo kuzungulira nyumba yako, anthu odya anzawo aja amaopadi kapena ukungodzivutitsa. Ndapanga voice chifukwa kulemba zonsezi zala zikhoza kuuma.

Koma ndiyambe ndi inu azakhali, poti ndaona mwalemba kuti mwanayu wayamba zaufiti mutaona chithunzi cha mu gemuyo chimene watumiza pagulu chija. Ayi ndithu, mtima m'malo. Ndi gemu chabe, anapanga ndi anthu a ku Canada, kampani yake Endnight Games ya ku Vancouver, inayamba kupezeka mu 2014 isanathe kupangidwa n'komwe, kenako yathunthu inatuluka 2018, pa kompyuta ndi pa PlayStation 4. Nkhani yake ndi ya bambo wina, Eric LeBlanc, ndege yagwa m'nkhalango, mwana wake Timmy watengedwa, ndiye iye akufunafuna mwanayo kwinaku akulimbana ndi njala, kuzizira ndi anthu odya anzawo okhala m'nkhalangomo ndi m'mapanga. Basi. Chokhacho ndikuvomerezani n'choti si gemu ya ana, magazi ndi ambiri, ndiye iwe mphwanga usamasewere tiana ta achemwali titakuunjirira kumbuyo, wamva eti?

Tsopano kwa iwe mwini funso. Yankho lake n'loti zimagwira, koma pang'ono, ndipo osati mmene ukuganizira iweyo. Pachithunzi chako chija ndaona waimika zinthu zija zambirimbiri koma palibe ngakhale chimodzi chikuyaka. Vuto lili pamenepo. Zoimika zimenezi, ma effigy aja mmene amawatchulira m'kabuku kaja komangira zinthu, umamanga ndi timitengo, miyala, ndi ziwalo zomwe wadula kwa amene wawapha, mitu, manja, miyendo, koma ukangoimika n'kuwasiya choncho ndi zokongoletsa basi, anthu aja amadutsa pomwepo ngati palibe kanthu. Amafunika uwayatse ndi laita ija. Akamayaka m'pamene umaona ena akuima patali, kuyang'ana, kubwerera m'mbuyo, kukuwa, osafuna kuyandikira. Ndiye moto uja sukhalitsa, umazima, n'kufunika nsanza kuti uyatsenso, pomwe nsanza zomwezo ukuzifunanso pa mabomba a botolo aja, pa mivi yamoto, pa kukulunga kunkhwangwa kuti iziyaka. Ndiye tawerengera wekha, ma effigy onse aja uziwayatsa usiku uliwonse, nsanza uzitenga kuti? Masutikesi a pamalo pomwe ndege inagwera, momwe umapezamo nsanza muja, uwatsegula mpaka liti?

Komanso ngakhale akuyaka, si onse amaopa. Ichi ndiye chimene anthu osewera gemuyi akhala akukangana zaka zonsezi, wina akuti kwa ine zimagwira, wina akuti bodza lenileni, ndipo onse akunena zoona chifukwa anthu odya anzawo aja sanawapange ofanana. Pali owondawonda aja anjala, othamanga chokwawa, amene amadya ngakhale mtembo wa mnzawo. Pali oyenda m'magulu ndi mtsogoleri wawo wokhala ndi kanyali, aja amazungulira ngati alonda. Pali otuwa a m'mapanga. Pali wina amaponya moto ali patali, ameneyo ndiye effigy yako ilibe naye ntchito, sakufunika kuyandikira n'komwe. Ndipo gulu likakhala lalikulu, kapena litakwiya kale chifukwa wawaphera anzawo, amatha kubwera n'kuigwetsa effigy yomweyo iwe ukuonerera.

Nanga zilombo zija? Aaa, zimenezo usayerekeze. Armsy, chija cha manja ambirimbiri, Virginia cha miyendo ngati kangaude, Cowman chonenepa chija chimabwera chothamanga n'kukugunda, zimenezi sizidziwa kuti effigy n'chiyani. Masiku oyamba zimakhala m'mapanga, koma masiku akamapita zimayamba kutuluka n'kumayenda pamtunda, ndipo Armsy amagwetsa mitengo, amagumula mpanda wa zipika umene wavutika nawo masana onse. Ndiye ngati chitetezo chako chonse chili pa mitu yoimika, tsiku limene chimenecho chidzafike udzalira.

Ine mmene ndimazionera zili ngati kutsirika munda. Wakuba amene amakhulupirira akaona kansupa kapachikidwa pakona amabwerera, koma ng'ombe ikalowa imadya chimanga chonse mpaka kansupako kukaponda. Effigy imagwira pa amene ali ndi mantha m'mutu, basi.

Ndipo apa mpamene gemuyi imandisangalatsa ine, chifukwa anthu aja anawapangadi okhala ndi mantha ndi maganizo, si zidole zongothamangira kudzakupha. Udzaone masiku oyamba, sakumenya msanga, amakuzungulira, amakwera mumtengo kukusuzumira, wina amathamanga ngati akubwera kenako n'kuima pafupi kuti aone ngati uthawe. Ukagwetsa mmodzi, anzake nthawi zina amamukoka kumuchotsa pamalopo. Iwonso amaimika ma effigy awo, aja umawapeza m'njira ndi kumidzi kwawo opangidwa ndi ziwalo za anthu a mundege, kusonyeza kuti kuno n'kwathu. Ndiye iwe ukaimika ako ukuwayankha m'njira yomwe iwo amaimva, ukuwauza kuti pano pali mwini wake ndipo si wamasewera. Kungoti uthenga umenewo si mpanda. Umangokupatsa kampata, mwina kothira mankhwala, kokoka uta, kolowa m'nyumba. Ukamaitenga choncho siikukhumudwitsa.

Chimene chimawaopsadi kuposa mitu ija ndi penti wofiira. Ukapeza zidebe za penti ameneyu n'kudzipaka thupi lonse, ambiri mwa iwo amabwerera m'mbuyo, ena mpaka amagwada pansi osakukhudza. Chifukwa chake chili m'nkhani ya gemuyo, pali munthu wofiira uja unamuona koyambirira akunyamula Timmy, sindikuuza zambiri ndingakuonongere, udzazipeza wekha ukatsika pansi. Koma nayenso penti amachoka ukalowa m'madzi kapena mvula ikakunyowetsa, ndipo zilombo zija sizimulabadira, komanso ukayamba ndiwe kuwamenya usaganize kuti azingogwadabe.

Ndiye upange chiyani? Choyamba yang'ana pamene wamanga. Pachithunzi paja ndikuona ngati uli pamtetete pafupi ndi njira yawo, mitengo yonse wagwetsa, zitsa zokhazokha, moto ukuyaka usiku wonse. Ameneyo ndiwe ukuwaitana wekha. Iwo amayenda njira zawo zomwezomwezo, akaona nyumba, akaona moto, akamva mitengo ikugwa, amabwera kudzaona, ndipo akakupeza amabwereranso. Anthu aja sadziwa kusambira, gwiritsa ntchito chimenecho. Manga pa kachilumba, kapena nyumba ya pamadzi ija, kapena pamalo poti kumbuyo kuli phompho kapena nyanja kuti uzilondera mbali imodzi yokha. M'nyanja muli shaki, usamangodumphiramo chisawawa. Nyumba ya mumtengo nayo ndi bho pogona, koma mtengowo akhoza kuugwetsa.

Kenako misampha. Uja wa chipika chogwa kuchokera m'mwamba, deadfall, sudya zinthu zambiri ndipo ukautchera pakhomo pomwe amadzera umagwira ntchito wokha. Pali winanso wa zisonga umene anaupatsa dzina loti happy birthday, kaya anaganiza chiyani, koma ukafwamphuka umalasa zoopsa. Mpanda wa zipika uusongole pamwamba, kunja kwake uikeko zisonga. Ukatero ndiye ma effigy ako apeza ntchito, uike awiri kapena atatu mbali imene sukufuna adzere, uyatse kukamada, mbali ya misamphayo uisiye ya mdima. Osati kuzunguliza nyumba yonse ngati mmene wapangiramu.

Ndipo mitembo ija m'malo modula yonse kupangira zokongoletsa, ina uziiponya pamoto. Ikapsa imasiya mafupa ndi chigaza, mafupawo umapangira zovala zodzitetezera ndi mivi, chigaza umapangira nyale kapena chibonga. Kwa ine mtembo umodzi wosanduka zovala za mafupa ndi waphindu kuposa mutu woimika pamtengo. Komano ngati ukungofuna kuti pakhomo pazioneka moopsa anzako akalowa nawo, imika, palibe akuletsa, zimaonekadi bwino usiku zikamayaka.

Wafunsanso ngati mu Sons of the Forest zilimo. Zilimo, ija ndi yotsatira yake, inayamba kupezeka February 2023 n'kumalizidwa February 2024. Mmenemo umazika kamtengo pansi n'kubayapo mutu kapena chigaza, komanso ukhoza kunyamula mutu m'manja n'kuwaonetsa, ena amadzidzimuka n'kubwerera. M'malo mwa penti muli chigoba chofiira chovala kunkhope chimene umapanga pa makina a 3D printer aja. Muli ndi Kelvin wokutolera zipika, ngakhale uja samva ndipo umachita kumulembera pakapepala. Koma laputopu yako ija siingakoke gemu imeneyo, usataye ndalama, khala kaye pa yoyambayi.

Tiana ta achemwali ngati tikufuna zoterezi tipatseni Minecraft, namonso muli zoopsezera koma zopanda magazi, mphaka amathamangitsa ma creeper, zilombo zophulika zija, moto wabuluu uja umathamangitsa ma piglin, zilombo zonga nkhumba, ku Nether, dziko la moto lija. Imeneyo azakhali simungadandaule nayo.

Chomaliza, gemuyi siisunga yokha, umachita kupita pa kamsasa kapena m'nyumba n'kusevera pamenepo, ndiye ndi mmene magetsi akuthimirathimiramu uziseva ukangomaliza kumanga chilichonse chachikulu. Loweruka madzulo ndikhala ndilipo, utsegule co-op, yosewera limodzi ija, undiitane, tisamutse nyumbayo tipite nayo kumadzi. Usonkhanitsiretu zipika ndi zingwe, ndipo nsanza zimene zatsala usaotchenso, ndizifuna.