Kodi gulu loimba lingadye ndi nyimbo za m'mafilimu?

Achimwene, mwafunsa ngati gulu lanu loimba la ku Area 25 lingamapeze chakudya popeka nyimbo za m'mafilimu. Zingatheke, koma musasiye kaye kuimba m'maukwati.

Kunja zinachitikapo. Gulu la Tangerine Dream, lomwe Edgar Froese analiyambitsa ku Berlin mu 1967, linayamba ndi kutulutsa zimbale zake. Kenako wopanga mafilimu wa ku America, William Friedkin, analipempha kupeka nyimbo za filimu ya Sorcerer, yomwe inatuluka mu 1977, ndipo ntchito zina za ku Hollywood zinatsatira. Anthu a mafilimu analifuna chifukwa linali kale ndi kamvekedwe kakekake.

Chovuta n'chakuti mufilimu nyimbo si mfumu. Mayi akamalira pamaliro, gitala iyenera kutsika, mwinanso kukhaliratu chete, kuti mawu a wosewera amveke. Oimba ozolowera kuomberedwa m'manja zimenezi zimawawawa kwambiri. Phunzirani kulumikiza nyimbo ndi chithunzi pa kompyuta, sekondi iliyonse pamalo pake. Ndipo bangwe, kalimba ndi ng'oma zathu musazinyoze, ine ndimamva chisoni filimu ya kumudzi ikamalira ndi piyano yokhayokha.

Kuno kwathu opanga mafilimu ambiri ndalama zimawachepera, choncho yambani ndi achinyamata ojambula mafilimu aafupi komanso otsatsa malonda pa kanema. Koma chonde, musagwirizane pakamwa pokha. Lemberanani pangano lonena ndalama zake komanso kuti mwini nyimboyo ndi ndani, kenako kalembetseni ntchito zanu ku COSOMA, bungwe loteteza umwini wa ntchito za aluso, lomwe ofesi yake ili konkuno ku Lilongwe.