Citosol, citoplasma, hialoplasma: yankho kwa aphunzitsi a ku Tsangano

Sabata yatha ndinalandira imelo kuchokera kwa mphunzitsi wachinyamata amene wangoyamba kumene ntchito pasukulu ina ya sekondale m'boma la Tsangano. Dzina lawo ndalisunga, koma funso lawo ndaona kuti ndiliyankhe poyera, pakuti si iwo okha amene likuwasautsa. Analemba motere: "Buku limene ndimaphunzitsira limati hialoplasma. Mwana wina wabwera ndi buku lachingerezi la msuweni wake wa ku Dedza, ndipo m'menemo muli cytosol. Pa intaneti ndikupeza citosol, penanso citoplasma. Kodi zonsezi n'chinthu chimodzi? Ana akasokonezeka ndimangowauza m'chinenero chathu kuti ndi madzi a m'selo. Ndikulakwitsa?"

Aphunzitsi, zikomo pondikhulupirira. Ndiyambe ndi kukuchotsani nkhawa. Hialoplasma, citosol ndi cytosol wa m'buku la ku Dedza uja akunena chinthu chimodzi, kungoti mayinawo anabadwa zaka zosiyana. Citoplasma ndiye wina, ndipo ndi wamkulu kuposa onsewa. Koma mawu akuti "madzi a m'selo" aja ndikupemphani muwasiye. Inenso ndinapunthwapo pomwepo, ndipo ndikuuzani mmene zinakhalira.

Tengani mphika wa nyemba umene uli pamoto. Mphikawo ukhale kachikopa kopyapyala kamene kamakuta selo, kamene buku lanu likuti membrana. Pakati pa nyembazo tiponyemo fupa limodzi lalikulu, likhale nyukiliyasi. Tsono zonse zotsala mumphikamo, nyemba pamodzi ndi msuzi, ndiye citoplasma. Nyembazo ndi organelos, mawu amene m'Chichewa amagwa bwinobwino kuti tiziwalo: mitokondiriya, ma lisosomu, tinjira topindikapindika ta retículo endoplasmático, ndi kachiwalo kotchedwa dzina la Golgi. Mukavuula nyemba zonse ndi chipande, chotsala ndi msuzi. Msuziwo ndiye citosol. Choncho mwana akanena kuti mitokondiriya ali mu citoplasma wanena zoona. Akanena kuti mitokondiriya ndi gawo la citosol walakwa, chifukwa nyemba imakhala mumsuzi koma siikhala msuzi.

Mayinawa ali ndi mbiri yake, ndipo ana amagwira msanga akaimva. Cito imachokera ku mawu a Chigiriki akuti kytos, chotengera chobooka mkati, monga mtsuko. Mawu akuti citoplasma anayambitsidwa ndi Albert von Kölliker mu 1863. Nthawi imeneyo ankawagwiritsa ntchito mofanana ndi protoplasma, dzina lakale lokhudza zamoyo zonse za m'selo, ndipo pambuyo pake ndi pamene anayamba kutanthauza zakunja kwa nyukiliyasi zokha. Hyalos ndi galasi m'Chigiriki. Anthu akale poyang'ana pa maikulosikopu ankaona timadontho ndi timizere, koma pakati pake panali pongooneka mbee ngati galasi, basi anapatcha hialoplasma. Ndi dzina la zimene maso anaona, kapena tinene zimene maso analephera kuona.

Citosol ndiye wamng'ono m'zaka pa mayina onsewa, ndipo anabadwira m'botolo la mu labotale. Mukatunga madzi mu Revúboè nthawi ya dzinja n'kuwasiya m'ndowa, mchenga umayamba kudikha, kenako matope, pamwamba n'kutsala madzi oyererako. Akatswiri monga Albert Claude ndi Christian de Duve, amene analandira mphoto ya Nobel mu 1974 pamodzi ndi George Palade, ankachita zofananako ndi maselo. Ankapera chiwindi cha khoswe mpaka maselo kuphulika, n'kuika phalalo m'makina ozungulira mwaliwiro loopsa. Pa liwiro lochepa ma nyukiliyasi amagwa pansi. Akawonjezera, mitokondiriya nawo amagwa. Akafika pa mphamvu yoposa kukoka kwa dziko maulendo pafupifupi 100,000, ngakhale tizidutswa tating'onoting'ono timadikha. Chotsala pamwamba, chimene chakana kudikha, ndicho Henry Lardy wa ku yunivesite ya Wisconsin ku America anachitcha cytosol mu 1965. Sol akuimira zinthu zosungunuka kapena zomwazika m'madzi. Pang'onopang'ono dzinalo linatuluka m'botolo n'kuyamba kutanthauza msuzi wa m'selo yamoyo, ndipo lero ndilo limene akatswiri ambiri amalemba. Mabuku ena amati matriz citoplasmática, ndi yemweyo.

Tsopano za madzi zija. N'zoona kuti madzi ndiwo ambiri, pafupifupi magawo 70 pa 100 alionse a selo. Koma mwana wa kwathu kuno akamva "madzi" amaona a pamjigo, oyera, opanda kanthu, ongodikira kuti wina awamwe. Citosol sali choncho m'pang'ono pomwe. Mapuloteni okha amatenga magawo 20 mpaka 30 pa 100 a malo ake. Onjezanipo mchere, shuga, ma RNA, ma raibosomu osawerengeka amene amaluka mapuloteni, ndi ulusi wa citoesqueleto umene walukana paliponse ngati nsichi ndi mbalo za nyumba yosamata. Ine ndimakonda kuwauza ana za msika wa ku Ulongué tsiku limene wadzaza, matumba a mbatata ya kachewere ali mbwee, anthu ali thithithi. Kamwana kotumidwa mchere kamadutsa m'miyendo mwa anthu n'kubwerako msanga. Bambo wokankha njinga ya matumba atatu amayenda phazi limodzi n'kuima. M'selo zilinso chimodzimodzi: tizinthu tating'ono monga shuga timayenda mosavutikira kwenikweni, pamene zikuluzikulu zimagundana n'kuchedwa. Kuthinanako kumathandizanso, chifukwa amene akufunana amakumana msanga, monga wogula ndi wogulitsa.

Ndipo mumsikamo ntchito ikugwirika usana ndi usiku. Iyi ndiyo mbali imene ndikufuna muitsindike, chifukwa ana ambiri amaganiza kuti ntchito yonse ili m'tiziwalo, citosol n'chongodzazitsa malo. Nsima imene mwana wadya masana ikagayika imasanduka shuga wa gulukosi. Shugayo akalowa m'selo, amayamba kuphwanyidwa mu citosol momwemo, asanafike n'komwe ku mitokondiriya. Ntchito imeneyi ndiyo imatchedwa glicólise: masitepe 10, shuga mmodzi kugawika kukhala ma piruvato awiri, phindu lake ma ATP awiri (tizinthu tonyamula mphamvu m'selo), ndipo mpweya wa okosijeni sufunika. Mpweya ukakhalapo wokwanira, piruvato amalowa mu mitokondiriya n'kukabala mphamvu zambiri, ma ATP pafupifupi 30 pa shuga mmodzi. Munthu akamapalasa njinga yolemera pachitunda ndipo minofu ikufuna mphamvu mofulumira, piruvato wambiri amasandutsidwa lactato, mu citosol momwemo. Yisiti nayenso amatero mwa njira yake, amasandutsa piruvato kukhala mowa ndi mpweya wa kaboni. Thovu limene limatumphuka mumbiya ya masese, ndi kufufuma kwa buledi, zonsezo zimayambira mu citosol wa tizamoyo timeneti. Kupanga mafuta atsopano m'thupi nakonso kumachitikira momwemo, ndipo pafupifupi puloteni iliyonse imayamba kulukidwa pa raibosomu imene ili mu citosol, ngakhale zina zimakamalizikira kwina.

Chitsanzo chimene chimandigwira mtima kwambiri ndi selo yofiira ya magazi. Ikakhwima imakhala ilibe nyukiliyasi, ilibe mitokondiriya, ili ngati kathumba kodzaza citosol wa himogulobini yekhayekha, puloteni yonyamula okosijeni. Imakhala moyo masiku pafupifupi 120, ndipo mphamvu zake zonse imazipeza ku glicólise. Kachilombo ka malungo, Plasmodium falciparum, kakalowa m'selo imeneyi kamakhala m'kathumba kakekake n'kumameza citosol wa seloyo pang'onopang'ono kuti kadye himogulobini. Zotsala zake zimene zikanakapha kamaziumba kukhala timibulu takuda, ndipo mankhwala akale aja a kolorokwini ankagwira ntchito posokoneza kuumba kumeneku. Pakapita maola pafupifupi 48 seloyo imaphulika, tizilombo tatsopano n'kumwazika. M'kalasi mwanu mulibe mwana amene sanagonepo ndi malungo. Mukawauza kuti chimene kachilomboko kanali kudya ndi citosol wawo, mawuwa sadzawaiwalanso.

Chimodzimodzi ndi pepala la kuchipatala. Amene akumwa mankhwala a TB nthawi zina amayezedwa magazi kuti aone chiwindi, ndipo papepala pamalembedwa ALT kapena TGP. Imeneyi ndi enzaimu, puloteni yofulumizitsa ntchito za m'selo, imene kwawo ndi mu citosol wa maselo a chiwindi. Ikachuluka m'magazi, adokotala amadziwa kuti maselo ena abooka ndipo msuzi wawo ukutayikira kunja.

Za mchere ndinene mwachidule, koma musazidumphe, chifukwa ndizo zimasonyeza kuti citosol amasamalidwa mwakhama. M'kati mwa selo potaziyamu amakhala pafupifupi mamilimolo 140 pa lita, pamene m'magazi ndi 4 kapena 5 okha. Sodiyamu ndiye mosemphana, m'kati 10 mpaka 15, kunja pafupifupi 140. Kusiyana kumeneku kumasungidwa ndi pampu ya pakachikopa ka selo imene imatulutsa sodiyamu atatu n'kulowetsa potaziyamu awiri pa ATP iliyonse. Anaitulukira ndi Jens Christian Skou wa ku Denmark mu 1957 pofufuza mitsempha ya nkhanu, ndipo analandira Nobel mu 1997. Kashiamu ndiye amasungidwa wochepa zedi mu citosol, wochepa maulendo pafupifupi 10,000 poyerekeza ndi kunja. N'chifukwa chake akangotsanulidwamo pang'ono selo imadzidzimuka ngati yamva belu, ndipo umu ndi mmene mnofu umadziwira kuti nthawi yokungika yakwana. pH ya citosol, muyeso wa kuchuluka kwa asidi, imakhala cha pa 7.2.

Pali misampha ingapo ya mayina imene imagwetsa ana pamayeso. Si chamadzimadzi chilichonse cha m'selo chimene chili citosol. Cha m'kati mwa nyukiliyasi ndi nucleoplasma. Cha m'kati mwa mitokondiriya ndi matriz mitocondrial. Cha m'kati mwa kachiwalo kobiriwira ka zomera ndi estroma. Lamulo lake ndi loti ukangodutsa kachikopa ka kachiwalo kalikonse, watuluka mu citosol. Sarcoplasma ndi citoplasma wa selo ya mnofu, dzina lokha lasintha. Kwa mabakiteriya, amene alibe tiziwalo tokutidwa, mawu awiri aja amatsala pang'ono kufanana, ndiye musadabwe kuona olemba akuwasinthanitsa. Pa ma raibosomu ongoyandama ndi ulusi wa citoesqueleto mabuku amasiyana, ena amaziwerengera mu citosol, ena amati zimangokhalamo. Pamenepo musamudule mwana malikisi ngati wafotokoza bwino chimene akutanthauza.

Nayi nkhani yanga ija. Zaka zanga zoyamba kuphunzitsa ku Angónia tinali ndi maikulosikopu imodzi yokha, yogwiritsa ntchito kalilole ndi dzuwa la pazenera. Ndinasenda kakhungu ka anyezi, n'kukayala pagalasi, ana n'kufola mzere. Ndinali nditawauza kale kuti hialoplasma ndi madzi a m'selo. Mtsikana wina atayang'ana anakweza mutu akumwetulira, nati, "Aphunzitsi, ndawaona madzi aja, ndi onsewa ali pakatiwa." Ine ndinavomera, ndipo kalasi yonse inajambula choncho m'makope. Usiku ndikuchonga makopewo ndi pamene mtima unandigunda. Chimene mwanayo anaona chinali vacúolo, thumba lalikulu la madzi limene m'selo yokhwima ya chomera limatha kutenga magawo 80 pa 100 kapena kuposa. Citoplasma weniweni anali kamzere kopyapyala kopanikizidwa kukhoma, kosaoneka bwino. Mwanayo sanalakwe. Anafunafuna madzi monga ndinamuuzira, ndipo anawapeza. M'mawa mwake ndinapepesa pamaso pa kalasi, tinafufuta, n'kujambulanso.

Ndiye muziti chiyani ana akasokonezeka? Ine ndimasunga dzina lakuti citosol monga lilili, chifukwa ndilo adzakumane nalo akapitiriza maphunziro, kaya ku Tete, ku Beira kapena kutsidya ku Malawi, ndipo m'Chipwitikizi ndi m'Chingerezi likusiyana chilembo chimodzi chokha. Pofotokoza ndimati ndi msuzi wothithikana umene tiziwalo ta selo timakhalamo ndiponso mmene ntchito zambiri zimagwirikira. Pabolodi lembani kuti citoplasma ndi citosol kuphatikiza tiziwalo, nyukiliyasi osawerengera. Pambali pake lembani hialoplasma, muwauze kuti ndi dzina lakale la citosol, ndipo poti buku lawo likulemba limenelo, pamayeso aliyembekezere ndithu.

Ngati maikulosikopu ilipo pasukulu panu, gulani anyezi wofiira pamsika, osati woyera. Sendani kakhungu kofiirira ka kunja kwa chikamba chimodzi, mukayale pagalasi ndi dontho la madzi. Utoto wofiirirawo uli mu vacúolo, choncho ana adzaona ndi maso awo kuti thumbalo ladzaza pafupifupi selo yonse. Kenako dontheserani madzi amchere wambiri m'mphepete mwa galasi, mudikire mphindi zochepa. Madzi adzatuluka m'thumbamo, chofiirira chija chidzakhwinyata n'kuchoka kukhoma. Ndi mmene mchere umatetezera nsomba za chicoa zochokera ku Cahora Bassa, umakoka madzi m'maselo a nsombayo ndi a mabakiteriya omwe. Tsono muwauze anawo ayang'anitsitse m'mphepete mwa chokhwinyatacho. Kamzere kotuwa kamene kakuta chofiiriracho ndiye citoplasma, ndipo citosol amene mukumufunayo ali m'menemo. Mukathiranso madzi abwino chidzafufumanso kubwerera kukhoma. Mukayesa mundilembere zimene ana anu adzanene.