Musanalipire khonsolo, yambani mwadziwa mwini wa msewu

Achimwene, mwati mwapatsidwa ntchito yokwirira chingwe cha faiba (chonyamula intaneti ndi mauthenga) mamita 1,800 kuchokera pa Kamuzu Road kulowera njira ya ku Senga Bay, ndipo ku khonsolo ya Salima akuuzani kuti mulipire potengera mita iliyonse. Mukufunsa ngati mulipire kapena mukane. Ine ndikuti musakane, koma musathamangirenso kulipira musanaigawe njirayo.

Tengani mapu a njira ya chingwecho, muyende nawo pansi ndi tepi, mulembe kuti kuyambira apa kufika apa malo ndi a yani. M14 ndi M5 ndi misewu ikuluikulu, ili m'manja mwa Roads Authority, ndipo malo osungidwira msewu wotere kunja kwa tauni ndi mamita 60, ndiye kuti 30 mbali iliyonse kuchokera pakati pa phula. Chilolezo chokumba m'menemo chimachokera kwa iwowo. Timisewu tolowa kumsika, kudepoti ndi m'malokeshoni ndi ta khonsolo. Mukadutsa njanji, eni njanji ali ndi chilolezo chawochawo. Mukalowa m'munda kapena pakhomo pa munthu, mukambirana ndi mwini malo pamaso pa amfumu, ndipo mtengo wa mango kapena mpanda umene muwononge mulipira padera. Mwina mupeza kuti pa mamita 1,800 aja, a m'misewu ya khonsolo ndi 600 okha. Apo nkhani ya mtengo yasintha kale.

Khonsolo ili nayo mphamvu yotolera ndalama, pasakhale kukangana pamenepo. Lamulo la maboma ang'ono la 1998 limailola kupanga malamulo ake ndi kulipiritsa ziphaso ndi ntchito zimene ikugwira. Laisensi ya MACRA (bungwe loyang'anira za mauthenga) imene kampani yokutumaniyo ili nayo ndi yoti ichite bizinesi ya mauthenga, si chiphaso chokumba paliponse. Komanso ntchito ngati imeneyi imayenera kudutsa kwa a mapulani a khonsolo, ngakhale mbali ina ili m'malo a Roads Authority. Chimene mupemphe n'chakuti akulembereni invoisi yosonyeza mutu uliwonse pawokha: ndalama yowunikira mapulani, ndalama ya wayleave (chilolezo chodutsitsa chingwe m'malo a eni), ndalama yodula msewu, ndi chikole chokonzetsera malo mukamaliza. Pemphaninso kuona ndandanda wa mitengo umene khonsolo inavomereza chaka chino. Kupempha zimenezi si mwano, ndipo ofesi ya Director of Public Works ndi imene ingakuthandizeni msanga.

Funso limene ambiri amaiwala, ndipo ndi limene limadzapweteka: kodi wayleave imeneyi ndi yolipira kamodzi kapena chaka ndi chaka? Ngati ndi ya chaka ndi chaka, isalembedwe m'dzina lanu ayi. Inu ndinu kontirakitala, mukumba miyezi iwiri n'kuchoka, chingwe chikhala cha eni ake zaka makumi awiri. Chilolezo chituluke m'dzina la kampani ya chingwecho, ndipo mgwirizano wanu ndi iwo unene poyera kuti ndalama za zilolezo alipira ndani. Ngati munapereka mtengo wa ntchito osaikamo zimenezi, alembereni kalata lero lomwe musanayambe kukumba, chifukwa mukalipira za m'thumba mwanu kudzazitolera n'kovuta.

Polipira, ikani ndalama ku akaunti ya khonsolo kapena kwa kashiya, mutenge lisiti yadidindo. Za pamsewu m'manja mwa munthu ayi.

Tsono pali njira zochepetsera bilu popanda kukangana ndi wina aliyense. Chodula kwambiri ndi kudula phula, choncho podutsa msewu booleni pansi, mulowetse paipi yoteteza, phula lisakhudzidwe. Malo odutsira msewu akhale ochepa. Ndi bwino kuyenda mamita 100 owonjezera mbali imodzi kusiyana n'kuwoloka kawiri. Pomwe pali mapolo a ESCOM funsani za kubwereka mapolowo, ngakhale kuti iwonso ali ndi mtengo wawo wa pachaka. Funsaninso ngati kampani ina inakwirira kale paipi yokhala ndi malo m'njira imeneyo.

Chikole chanu chidzabwerera kapena kulowa m'madzi malinga ndi mmene mukwiririre. Ngalande ikhale yakuya pafupifupi mita imodzi, pokhapokha chilolezo chitanena zina. Pansi thirani mchenga wosefa masentimita 10, gonekani paipi yodutsamo chingwe, ya pulasitiki yolimba ya HDPE ya mamilimita 40, mchenga wina pamwamba, kenako tepi yochenjeza masentimita 30 pamwamba pa paipiyo kuti wodzakumba mtsogolo ayambe waona tepi khasu lisanafike pa chingwe. Dothi bwezerani pang'onopang'ono, masentimita 15 n'kutsindira, 15 ena n'kutsindira. Anyamata akangokankhira dothi lonse kamodzi n'kupondaponda ndi mapazi, mvula yoyamba ya Disembala ngalande imatitimira, n'kusanduka kamtsinje kodya m'mphepete mwa msewu. Dothi la kuno lili pawiri. Kumene kuli makande limang'aluka m'chilimwe n'kufufuma m'dzinja, ndiye musabwezere zibuma zake pa paipi. Mukamayandikira kunyanja ndi mchenga, makoma a ngalande amagumuka, ndipo madzi ali pafupi. Kumbani kagawo kamene mungakwirire tsiku lomwelo. Ngalande yogona yotsegula pafupi ndi msika kapena sukulu ndi ngozi kwa ana ndi akabaza, ndipo mlandu wake udzakhala wanu.

Musanaponye piki, itanani a Central Region Water Board ndi a ESCOM adzakulozereni modutsa mapaipi ndi nthambo zawo, mukumbe timaenje toyesera pamanja. Jambulani msewu, makalavati ndi makhonde a mashopu ntchito isanayambe, zithunzi zikhale ndi madeti. Mukamaliza, pemphani injiniya wa khonsolo adzayendere nanu njira yonse, asainire kuti malo abwezeretsedwa, mumpatse mapu osonyeza pomwe chingwe chagonadi ndi pomwe pali mamanihoo (maenje a chivundikiro ofikira pa chingwe). Chilolezo chinene kuti chikole chibwezedwa pakatha miyezi ingati. Ngati sichikunena, pemphani alembepo musanalipire.