Za mnyamata wanu wofuna kukhala woyimba

Achemwali, musamuletse mwanayo kuyimba koma sukulu asasiye, amalize kaye Fomu 4, gitalayo azigwira kumapeto kwa sabata ndi pa holide. Ndipo ngati nyimbozo akupeka yekha monga mwaneneramu ndiye mphatso ilipodi, oyimba za anzawo ndi ambiri koma opeka ndi ochepa.

Taonani malemu Lucius Banda wa pa Balaka pompa, sanangodzuka n'kutchuka ayi, anayambira mu Alleluya Band pansi pa mkulu wake Paul Banda kuphunzira ntchito, Zembani Band yakeyo anadzayambitsa mu 1997, ndipo mpaka kumwalira mu 2024 tonse timangoti Soja. Wanuyonso ayambire pomwe ali, kwaya ya kutchalitchi, zinkhoswe, maukwati. Ine ndimayimba kiyibodi m'maukwati kuno ku Ntcheu ndipo ndaona anyamata aluso akugulitsa kachewere yense wa makolo pa Lizulu kuti akajambule ku Lilongwe, kubwerako ndi kanyimbo kamodzi mufoni koti wayilesi sinakaike n'komwe, zimandiwawa kwambiri. Ayambe wayimba pamaso pa anthu aone ngati akuvina, situdiyo ibwere pambuyo.

Nyimbo zake azilemba m'kope ndi deti lake, azijambulanso pafoni, kenako akalembetse ku COSOMA, ndi amene amatolera ndalama za oyimba nyimbo zawo zikamaulutsidwa pa wayilesi. Pulodyusa kapena manejala akabwera ndi kontirakiti asasayine msanga chonde, pitani nayo kwa loya akuwerengereni kaye, makamaka mbali yonena kuti mwini nyimbo akhala ndani.